Kamela Ikacoka, Mwana Amatsala

Tonse tinaionapo vidiyo ya mtundu uyu. Munthu waimika motoka pa maloboti, mwina mu Great East Road olo pafupi na Cairo Road, watsitsa windo na kuitana kamnyamata kovala juzi yong'ambika. Akapatsa cakudya olo K50, ndipo mnzake pambali ajambula na foni. Kamnyamatako kagwada, kawomba m'manja, nthawi zina kagwetsa misozi. Pofika m'madzulo vidiyo ija yazungulila pa Facebook na TikTok, ife tili m'ma comment kudalitsa wopatsayo. Dzina la wopatsa timalidziwa. La mwana sitilidziwa, ndipo palibe mmodzi wa ife amene angakambe kumene anagona usiku umenewo.

Timaona monga izi zabwela na mafoni. Koma nkhani ya kamela na ana a m'miseu ni yakale, yatha zaka pafupifupi 150. M'zaka zonsezi ojambula akhala akufunsidwa mafunso amodzimodzi. Kodi mwana anavomela? Kodi zimene tiona n'zoona? Ndalama zinapita m'thumba la ndani? Ndipo pali funso lina limene mbili iyi imabwelelako nthawi zonse: wojambula akapakila kamela m'cola na kupita, n'ciani cimacitikila mwana?

Zovala zong'ambidwa dala

Tiyambile ku London. Mu 1870, Thomas Barnardo, mnyamata wocokela ku Ireland, anatsegula nyumba yosungilamo anyamata osowa pokhala ku East End, komboni yosauka ngako ya mzindawo. Nyumba yotele imafuna ndalama, ndipo Barnardo anazindikila msanga kuti cithunzi cimatsegula matumba a anthu kuposa ulaliki. Anayamba kugulitsa makhadi a zithunzi ziwiliziwili. Pa coyamba mwana ali m'nsanza, tsitsi losapesa, wopanda nsapato. Pa caciwili mwana yemweyo wasamba, wavala bwino, agwila nchito ya manja.

Mu 1877 nkhani inavuta. Anthu ena anamuneneza milandu yosiyanasiyana, ndipo umodzi unali wakuti zithunzi zina zinali zokonza: zovala za ana zinali kung'ambidwa dala kuti aoneke ovutika kwambili, ndipo zithunzi ziwili zija nthawi zina zinali kujambulidwa tsiku limodzi. Amene anaweluza nkhaniyo anamupeza wosalakwa pa milandu ikuluikulu, koma pa zithunzi anamudzudzula. Barnardo anadziteteza pokamba kuti umphawi umene zithunzizo zinaonetsa unali weniweni, olo kuti mwana wa pa cithunzi sanafike ali conco ndendende. Yankho imeneyi timaimvabe mpaka lelo kwa ojambula ambili: colinga cinali cabwino.

Patapita zaka 13, mu 1890, mtolankhani wa ku New York dzina lake Jacob Riis anatulutsa buku la zithunzi lakuti How the Other Half Lives. Iye anali kulowa usiku m'nyumba zogonamo amphawi, kuyatsa ufa wowala mwadzidzidzi kuti kamela ione mumdima, na kutuluka anthu akali kudzidzimuka m'tulo. Sanali kupempha cilolezo. Zithunzi zake zochuka za tuanyamata togona m'makona a mseu, akatswili ambili amaona kuti zinajambulidwa masana, ana atauzidwa kuti aonetse monga agona. Ngakhale n'conco, bukulo linagwedeza mzinda ndipo linathandiza kuti malamulo a nyumba za lendi asinthe.

Amuna awiliwa anacitadi zabwino. Koma kwa onse awili mwana anali umboni woonetsa kwa anthu olemela, osati munthu wofunika kumufunsa maganizo. Mafilimu atabwela, anatengela cizolowezi cimeneci.

Cali: pamene wojambulidwa anakana

M'zaka za m'ma 1970, boma la Colombia linalamula kuti nyumba za sinema zizionetsa kafilimu kakafupi ka m'dzikomo filimu yaikulu isanayambe. Lamuloli linabweletsa ndalama, ndipo njila yochipa yozipezela inali kutenga kamela na kupita mumseu kumene kuli opemphapempha na ana ogona panja. Mafilimu a umphawi anali kuyendanso bwino ku Ulaya. Mu 1977 Ciro Durán anatulutsa Gamín, documentary ya ana a m'miseu ya Bogotá, ndipo inalandila mphoto kunja.

Anyamata awili a mu mzinda wa Cali, Luis Ospina na Carlos Mayolo, ananyansidwa na malonda amenewa. Anapanga kafilimu ka mphindi zosakwana 30 kochedwa Agarrando pueblo. M'kafilimuka, kagulu ka ojambula kazungulila mzinda pa takisi kusakila anthu ovutika kuti kakagulitse zithunzi ku TV ya ku Germany. Aponyela ana ndalama m'madzi kuti advine, alemba anthu ganyu kuti aseweleko monga banja losauka. Kothela kwake mwini kanyumba kamene alowamo popanda kupempha atulukila, awakalipila, ndipo ndalama zimene amupatsa kuti akhale cete azipukutila kumatako pamaso pa kamela.

Ospina na Mayolo anapatsa malonda awa dzina lakuti pornomiseria, kutanthauza kuonetsa umphawi monga mmene ena amaonetsela umalisece: woonelela akhutila, mtima wake upepuka, koma sadziwa cimene cinabala umphawiwo, ndipo woonetsedwayo atsala mmene analili. Liwu limeneli likali kugwilitsidwa nchito ku Latin America.

Seattle, 1983

Filimu imene ifunika kuti tikhalepo pang'ono ni Streetwise, cifukwa ni imodzi mwa zabwino kwambili za mtundu uyu, komabe mafunso aja sanaisiye.

Mu 1983 magazini ya Life inatuma mlembi Cheryl McCall na wojambula zithunzi Mary Ellen Mark ku Seattle. Anasankha mzindawu dala. Panthawiyo unali kutamandidwa kuti ni mzinda wabwino kukhalamo kuposa ina yonse mu America, conco ngati ana ogona mumseu analipo kumeneko, ndiye kuti analipo paliponse. Nkhani yawo inatuluka mu July caka cimeneco na mutu wakuti Streets of the Lost. Mark atabwelela kunyumba anauza mwamuna wake, Martin Bell, wopanga mafilimu wa ku Britain, kuti ana amene anakumana nawo afunika filimu. Woimba Willie Nelson anathandizako na ndalama. Kucokela mu September mpaka kumapeto kwa October anajambula m'dela la Pike Street, pafupi na msika waukulu wa mzindawo.

Cimene cinasiyanitsa filimuyi n'cakuti mulibe liwu la munthu wamkulu lofotokoza. Mulibe katswili, mulibe m'busa, mulibe wandale. Okamba ni ana okha. Timva Rat, mnyamata wokhala m'hotela yosiyidwa, amene ayenda pa nsapato za mawilo m'makonde opanda anthu, afotokoza mocenjela mmene amapezela cakudya: atuma foni kuitanitsa pizza, sapita kukaitenga, ndiyeno madzulo akaitola m'bini akaitaya. Tiona Lulu, mtsikana wolimba mtima amene amateteza anzake ang'onoang'ono. Tiona Dewayne, kamnyamata koonda kopemphapempha, kapita kukaona atate ake m'jele, akamba mogawidwa na galasi. Ndipo tiona Tiny, mtsikana amene Mark anakumana naye ali na zaka 13, wogulitsa thupi kwa amuna acikulile, amene amayi ake, ovutika na mowa, aona kuti n'zaubwana cabe zimene zidzatha.

Ana awa saoneka monga zinthu zomvetsa cisoni cabe. Amaseka, amakondana, amanamizana, amalota nyumba na mafamu. Woonelela amatha kuona kumene anacokela: nyumba za mowa na ndeo, atate opeza ogwilila ana, makolo ali m'ndende. Filimuyi inatuluka mu 1984, ndipo mu 1985 inali pakati pa zopikisana pa mphoto ya Oscar.

Manje tiyang'ane mbali ina. Kamela ilowa na Tiny m'cipinda ca kiliniki, pamene mtsikana wa zaka 14 afunsidwa za matenda opatsilana na za mimba. Ionetsa nkhope za atsikana amene akwela m'motoka za amuna. Amunawo sitiwadziwa, anabwelela ku mabanja awo mwamtendele. Amene dziko lonse linadziwa nkhope zawo ni ana. Kodi mwana wa zaka 14, wanjala, amene kwa nthawi yoyamba wapeza akuluakulu omumvetsela, angakane akapemphedwa kujambulidwa? Olo avomele, kodi angadziwe tanthauzo la kuonedwa na anthu osawadziwa kwa moyo wake wonse? Nanga kholo limene lingasaine m'malo mwake, ngati ndilo linamucititsa kuthawa panyumba, siginecha yake iteteza ndani?

Mu July 1984, filimu isanafalikile, Dewayne anadzimangilila ali m'malo osungilamo ana olakwila malamulo, kutatsala tsiku limodzi kuti akwanitse zaka 17. Ojambula anabwelela ku Seattle na kujambula malilo ake. Anthu anali ocepa, ndipo atate ake anabwela na alonda a jele. Gawo limenelo ndilo limapyoza mtima kuposa onse m'filimuyo. Ena amati kukanakhala kuti kamela sinalipo, imfa ya mwanayu ikanapita popanda woidziwa. Ena amafunsa ngati cisoni ca tate pa bokosi la mwana wake n'cinthu coonetsa anthu ogula matikiti. Mbali zonse ziwili zili na mfundo.

Imfa sizinathele pamenepo. Mu December 1985 Lulu anabayidwa na mpeni pamene anali kuteteza mtsikana wina. Mtsikana winanso wooneka m'filimuyo, Roberta, anasowa mu 1987, ndipo pambuyo pake zinadziwika kuti anali mmodzi wa akazi 48 amene Gary Ridgway anavomela mu 2003 kuti anawapha. Nkhope za ana awa zinali zitaonedwa m'maiko ambili. Kuchuka sikunawateteze.

Amene sanacoke

Makolo athu anati mlendo ni mame, sacedwa kukamuka. Ojambula ambili ni alendo otelo. Mark na Bell anasankha kusakhala mame. Anapempha Tiny kuti apite nawo ku New York akakhale m'nyumba yawo, malinga ngati angabwelele ku sukulu. Iye anakana. Iwo sanamutaye. Kwa zaka zoposa 30 anapitiliza kubwelela ku Seattle, kumujambula, kukamba naye pa foni, kumuona akulimbana na mankhwala osokoneza bongo, akubala na kulela ana khumi. Mark anamwalila mu May 2015, caka cimene buku lake lothela la Tiny linatuluka. Mu 2016 Bell anatulutsa filimu yaciwili, Tiny: The Life of Erin Blackwell. Mmenemo mayi wa zaka za m'ma 40 akhala pansi na Mark, ayang'ana zithunzi za ubwana wake, ndipo akamba yekha zimene aona.

Tisanamizane, kukhalapo kwawo sikunamupulumutse. Umphawi, mankhwala na zilonda za ubwana zinamulondola, ndipo zina zinafika na pa ana ake. Palinso amene angakambe kuti zaka 30 za zithunzi ni zaka 30 za phindu kwa ojambula, pakuti mabuku anagulitsidwa, ndipo nkhani ya Dewayne na atate ake inakhala maziko a filimu ya sewelo ya Bell, American Heart, mu 1992. Koma pali cinthu cimodzi cimene cinasintha. Mu 1984 dziko linaona kamtsikana ka mumseu kovala cisoti cakuda. Mu 2016 linaona munthu wokhala na dzina, amene wakula, amene angatsutse womujambula pamaso. Ana a Barnardo na Riis mwayi umenewu sanaupeze. Anatsala pa pepala ali m'nsanza mpaka kalekale.

Nanga mzinda? Mu 1987 America inakhazikitsa lamulo lake loyamba lalikulu lothandiza osowa pokhala, lochedwa McKinney Act, pambuyo pa zaka zambili za zionetselo na kukakamiza boma. Komabe mu November 2015, patapita miyezi yocepa Mark atamwalila, akuluakulu a Seattle analengeza kuti vuto la anthu ogona panja lafika poipa cakuti lifunika kucitapo kanthu mwamsanga monga pa tsoka. Filimu imatsegula maso. Nyumba, sukulu na cipatala zimamangidwa na bajeti ya boma, ndipo bajeti imasintha anthu akaumilila.

Awili amene anasewela moyo wawo

Mafilimu awili a sewelo a zaka zomwezo aonetsa bwino kusiyana kwa kucoka na kutsala, cifukwa onse anagwilitsa nchito ana osauka enieni. Ku Brazil, Héctor Babenco anasankha kamnyamata ka m'komboni ya Diadema, pafupi na São Paulo, Fernando Ramos da Silva, kuti kasewele m'filimu ya Pixote. Filimuyo inachuka padziko lonse kuciyambi kwa zaka za m'ma 1980. Fernando anayesa kupitiliza kusewela pa TV, koma sanali kudziwa bwino kuwelenga. Anabwelela ku komboni, ndipo mu August 1987 apolisi anamuwombela. Anali na zaka 19.

Ku India, Mira Nair anapanga Salaam Bombay! mu 1988 na ana a m'miseu ya mzinda umene lomba uchedwa Mumbai. Asanajambule anakhala nawo milungu ingapo akuwaphunzitsa na kumva nkhani zawo. Ndalama zina za filimuyo zinayambitsa bungwe la Salaam Baalak Trust, limene likali kusamalila ana a m'miseu mpaka lelo. Koma naponso sipanali zozizwitsa. Shafiq Syed, amene anasewela mbali yaikulu na kulandila mphoto ya dziko lonse, pambuyo pake anakhala woyendetsa kanjinga ka moto ka mawilo atatu konyamula anthu ku Bangalore. Kusiyana kwake n'kwakuti Nair anaganizila za mawa a anawo asanayatse kamela, ndipo anasiya khomo limene ana ena masauzande analowapo.

Zimene zinalembedwa m'malamulo

Pamene Streetwise inali kujambulidwa, kunalibe pangano la maiko onse lokamba za ufulu wa ana. Linabwela mu 1989, ndipo Zambia inalivomeleza mu 1991. Gawo 12 la panganolo likamba kuti mwana ali na ufulu wopeleka maganizo ake pa nkhani iliyonse yomukhudza. Gawo 16 liteteza zinsinsi zake na ulemu wake. Mu 2017 komiti ya United Nations yoona za ufulu wa ana inatulutsa cikalata capadela ca ana a m'miseu, General Comment 21, itafunsa ana na acicepele 327 a m'maiko 32. Mfundo yake yaikulu ni yakuti mwana wa mumseu si cinthu cofunika kupulumutsidwa mokakamiza, komanso si cigawenga cofunika kusesedwa. Ni munthu wokhala na ufulu, ndipo afunika kumvedwa. Kuno kwathu, Children's Code Act ya 2022 nayonso iika ubwino wa mwana patsogolo pa zonse zomukhudza.

Malamulo amenewa sanalembedwele makampani a mafilimu okha. Akhudza aliyense wogwila foni.

Kubwelela pa maloboti

Barnardo anafunika situdiyo. Bell anafunika gulu la anthu na ndalama za woimba wochuka. Ife tili na zonse m'thumba, ndipo vidiyo yathu ingafike kwa anthu ambili m'maola ocepa kuposa amene anaona buku la Riis m'caka cathunthu. Cina, intaneti siiwala. Kamnyamata kamene tajambula lelo kali na kabotolo ka guluu pakamwa, pakapita zaka khumi kadzafuna nchito, kadzafuna kukwatila, mwina kadzakhala na ana ku sukulu. Vidiyo ija idzakhala ikali kuyenda.

Sitikamba kuti ana a m'miseu asajambulidwe. Kubisa vuto kumathandiza cabe amene safuna kulithetsa. Ambili a imwe muli na luso la kamela, ndipo Lusaka, Kitwe na Chipata zifunika mafilimu okamba zoona. Koma mbili iyi yatisiyila zocita zoonekelatu. Pitani kangapo popanda kamela, mpaka mudziwane maina. Gwilani nchito pamodzi na anthu amene amakhala na anawa tsiku na tsiku, monga a Fountain of Hope ku Kamwala olo a Barefeet Theatre, kumene ena amene anakulila mumseu ndiwo amaphunzitsa anzawo kukamba nkhani zawo kupitila m'masewelo. Fotokozelani mwana m'citundu cake kumene vidiyo idzapita, ndipo mbale ya nsima isakhale mtengo wa cilolezo: adye coyamba, olo akane kujambulidwa. Pa nkhani za guluu, za kugonedwa olo za apolisi, bisani nkhope na malo ogona. Mukatsiliza kudula filimu, oyamba kuiona akhale iwo, ndipo akati cotsani apa, cotsani. Za ndalama mukambilane poyamba, osati mphoto ikabwela.

Ndiponso tembenuzani kamela. Ana tawaona kale. Amene sitinawaone ni wacibale amene analanda nyumba atate atamwalila, mwamuna woimika motoka usiku, wogulitsa guluu, na ofesi imene inalandila ndalama za ana koma palibe cooneka. Kujambula amenewa n'kovuta, cifukwa iwo angakane, angaitane loya. Mwana wa pa maloboti alibe loya. N'cifukwa cake kwa zaka 150 kamela yakhala ikuloza kwa iye.

Timakonda kukamba kuti mwana wa mnzako ni wako yemwe. Ngati n'zoona, pali funso losavuta limene tingadzifunse cala cisanadinize batani: akanakhala mng'ono wathu, wagwada pa tala kulandila K50, kodi tikanaposita? Ndipo tikaposita, kodi mlungu wamawa tidzabwelelako pa maloboti paja, foni ili m'thumba, kukafunsa mmene wagonela?